Loko wa Pachipata cha Satana

9 Okutobala

Okondedwa Achimwene,

Ndikhulupirira kuti muli bwino pamodzi ndi alamu ndi mwana. Ine kuno ndili bwino mopitirira muyeso, moti ndalephera kudikira foni yanu ya Lamlungu. Ndasankhanso kulemba dala, chifukwa m'nkhani imeneyi muli Bambo, ndipo ndimakudziwani: ndikangowatchula pafoni, netiweki ya kwanuko imayamba kuvuta nthawi yomweyo. Pepala simungalidule. Werengani mpaka kumapeto, kukwiya mukwiye mukamaliza.

Pali zimene ndakhala ndikukubisirani. Mukandifunsa za kunyumba ndimati zonse zili bwino, koma sizinali bwino. Chitulukireni kundende, Bambo amangokhala pampando uja wa pawindo, katani ali chitsekere. Amasesa m'nyumba mosesedwa kale, amatsuka mbale zotsukidwa kale, ndikabwera kuntchito amandifunsa kuti ndaswera bwanji, basi nkhani yathera pomwepo. Munthu amene ankatiseketsa mpaka Amayi kutuluka m'khitchini kudzatiletsa phokoso, iwonso akubisa kuseka. Ntchito anayesa kufuna, musaganize kuti sanayese. Anapita m'magalaji, m'sitolo za zitsulo, ngakhale kumalo osungira galimoto. Kulikonse akangolowa, wina amanong'oneza mnzake kuti a Maloko abwera, mwini malo n'kusisita thumba limene muli makiyi.

Ndiye mnzawo uja wa jekete lachikopa anayamba kubwera. Mukumukumbukira, amene ankatipatsa maswiti kuti tikasewere panja. M'nyumba salowa, amangoima pakhonde kufunsa za moyo, kenako n'kunena kuti pali kantchito kakang'ono kofuna manja odziwa. Bambo amamukana, ndinawamva ndi makutu angawa. Koma tsiku lina nditaweruka msanga ndinawapeza ali ndi loko wa sutikesi yanga pamwendo, akumutsegula ndi kaphini ka m'tsitsi langa, kumutseka, kumutsegulanso, maso ali kwina. Atandiona anangoti zala zimauma zikamangokhala. Achimwene, ndinaona poyera kuti akapanda kupeza chochita tidzawaperekezanso kukhoti, ndipo pamsinkhu wawowu sadzatulukanso.

Za ku laibulale mukuzidziwa, ndakudandaulirani mpaka kukutopetsani. Munthu wa digiri yanga, ntchito yake kudinda madeti m'mabuku amene palibe amawabwereka. Maganizo ndapereka kwa Abwana osawerengeka: tiike makompyuta, tiyambitse kalabu ya achinyamata, tichotse milu ya nyuzipepala zakale tiike mipando. Yankho lawo ndi limodzi, tiona. Tsiku lina ndinawauza kuti pamene iwo akuona, dziko likupita. M'mawa mwake anandituma kukakonza chipinda chosungiramo katundu, ndikuganiza pofuna kuti fumbi lindiphunzitse ulemu.

Mmenemo ndi mmene ndinapeza makina akale oonetsera kanema, a mawilo awiri aja, ndi mulu wa zitini zathyathyathya zosungiramo mafilimu. Akuti zinachokera kunyumba ina ya kanema imene inatsekedwa ife tisanabadwe. Mnzanga wa zamagetsi amene tinali naye kukoleji anawakonza mpaka anayaka, koma anandichenjeza zinthu ziwiri. Choyamba, mawu anafa, sadzamvekanso. Chachiwiri, filimu ikayamba kuyenda ndisaiimitse pakati, chifukwa getsi la makinawo ndi lotentha kwambiri, filimu ikaima pamaso pake imapsa. Ndiyenera kudikira wilo lithe, ndiye ndisinthe.

Kanema wopanda mawu. Pomwepo ndinakumbukira wailesi yakanema yathu ija imene inafa sipika, mmene Bambo ankakhalira pambali pake n'kumayankhulira aliyense: wowerenga nkhani, osewera mpira, ngakhale galu wa m'malonda a sopo. Loweruka lotsatira ndinawauza kuti kuntchito kuli chinthu cholemera chofuna kunyamula. Anabwera atatsitsa chipewa mpaka pamphuno. Ndinawakhazika pakatoni m'chipinda cha katundu muja, n'kulozetsa makina kukhoma.

Filimu imene ndinasankha ndi yakale kwambiri, yopanda mitundu, ya zitini zitatu. Satana wake si wa nyanga ndi mchira ayi. Ndi kamunthu kakafupi kovala suti, ka tindevu topyapyala pamlomo, kooneka ngati wogulitsa inshuwalansi. Tsiku lina akutuluka pachipata cha Gehena kuti apitidweko kamphepo, chitseko n'kudzitseka, makiyi atawasiya mkati patebulo. Antchito ake ataona kuti bwana ali panja, akusiya kusonkhezera moto, akukhala pansi kusewera makhadi ndi ochimwa. Iye akugogoda, akukankha ndi phewa, akugwada kusuzumira pabowo la kiyi, palibe womutsegulira. Ndiye akubwera kudziko kudzafuna wodziwa maloko, n'kupeza wakuba wina ali gone m'chipatala atagwa padenga la eni. Akupangana kuti unditsegulire, ine ndikuwonjezera moyo. Chitini choyamba chimathera pamenepo, akugwirana chanza. M'chachiwiri awiriwa akuyendayenda mumzinda kuba zipangizo, mpaka akufika pachipata paja. M'chachitatu wakuba uja akusintha mtima, akuthyolera waya mkati mwa loko mwadala, akuthawa, akubweza katundu wa eni, n'kukwatira namwino amene ankamusamalira. Satana akutsala panja mvula ikumuvumba.

Poyamba Bambo anangoonera, manja pakati pa mawondo. Koma pamene Satana anagwada pabowo la kiyi, ndinangomva timawu topyapyala tochokera pakatoni paja: "Anyamata, ndikudziwa muli momo. Makhadiwo ndikuwamva." Ndinaseka mpaka kutsamwa ndi fumbi. Kuyambira pamenepo sanasiyenso mpaka zitini zonse zitatu zinatha, ndipo pobwerera kunyumba chipewa chinali m'manja.

Kuwauza zoti akachite zomwezo pamaso pa anthu, ndiye inali nkhondo. Anati anthu sadzabwera kudzaona wakuba wa pakhoma, adzabwera kudzaona wakuba weniweni. Ndinawayankha kuti abwere adzaone, bola adzakhale pansi amvetsere. Anati ndili ndi mutu wouma ngati malemu Amayi. Ndinawavutitsa pachakudya, ndinawavutitsa akusita, mpaka anavomera kuti angondichotsa pakhosi.

Abwana, monga mukudziwa kale, anati tiona. Ulendo uno sindinadikire kuti aone. Ndinawalumpha n'kupita kwa Amayi Wapampando wa komiti ya laibulale, amene ali ndi sitolo ya mankhwala pamsewu waukulu. Ndi mayi wa magalasi a tcheni, mkulu wa mpingo, wosaseka ndi munthu pa nthawi ya ntchito. Anamvetsera akuwerengera wodwala mapilitsi, kenako anandiuza kuti Satana si wosekera. Ndinawauza kuti filimu yonseyo Satana akungochita manyazi, ndipo sindikuona mpingo umene ungadandaule. Anandiyang'ana pamwamba pa magalasi nthawi yaitali, n'kuvomera chionetsero chimodzi choyesera, Loweruka masana. Holo ikadzaza ndipo pakapanda chochititsa manyazi, kanema azionetsedwa sabata iliyonse, ndipo wofotokozayo alembedwa ntchito yokhazikika, azisamalanso makina ndi holo.

Anandifunsa kuti wofotokozayo ndani. Ndinati ndi katswiri wina wachikulire wodziwa bwino nkhani za mtundu umenewu. Bodza silinalipo pamenepo. Koma lamulo la palaibulale limati munthu amene anamangidwapo salembedwa ntchito pokhapokha Wapampando mwini wake atalola, ndipo ine ndinaona kuti ndi bwino ayambe awamva Bambo asanamve za Bambo.

Tsopano imvani zimene ndinachita Lachisanu masana. Zitini zija zinali ndi timapepala takale tolembedwa pamanja, tothimbirira, tina tong'ambika. Ine maso anga sanapirire. Ndinamatula tonse, ndinapukuta zitini mpaka kuwala, ndinasindikiza pakompyuta mapepala atsopano a manambala akuluakulu. Bambo, amene anabwera kudzandithandiza kuyala mipando, anati ndizisiye momwemo popeza zakhala choncho zaka zonsezi. Ndinawayankha kuti mawu amenewo ndi amene atisaukitsa, kuti chilichonse chizikhala momwemo. Ndinamata mapepala anga foni ili pakhutu, ndikukangana ndi wosindikiza zikwangwani, n'kuika zitini pashelefu mooneka bwino kwabasi.

Loweruka linafika. Mawindo tinatseka ndi makatoni ndi mabulangete obwereka. Ndinkaopa kuti kubwera anthu khumi, koma zikwangwani zanga zinagwira ntchito: ana asukulu, amayi a kumsika, oyendetsa mabasi amene anali pa mpumulo, anamwino a pachipatala chaching'ono chija, ometa tsitsi, mpaka ena kuima kukhoma. Chiyambireni ntchito sindinaonepo anthu ochuluka choncho palaibulale, ndipo ndinaonetsetsa kuti Abwana aone kuti ndaona. Amayi Wapampando anakhala kutsogolo, chikwama pamwendo, msana uli chilili.

Bambo anavala jekete lanu lotuwa lija munasiya m'kabati. Pepani, sindinapemphe. Mikono yake inawafupikira pang'ono koma linawakhala. Atangotulukira kutsogolo ndi maikolofoni, manong'onong'o anayenda m'holo monse, a Maloko, a Maloko. Wina kumbuyo anakuwa kuti aliyense agwire chikwama chake, anthu n'kuseka kuseka koipa kuja. Amayi Wapampando anafunsa Abwana kanthu kukhutu, Abwana anayankha, ndiye mayiwo anatembenuka pang'onopang'ono kundifunafuna kumene ndinaima ndi makina. Ndinayang'ana mawaya.

Bambo anadikira phokoso lichepe, n'kunena modekha: "Zikwama zanu zili pabwino, abale. Onani, manja onse awiri agwira maikolofoni, ndipo akunjenjemera." Kuseka kumene kunatsatira kunali kwina. Ndinazimitsa magetsi ndisanapatse aliyense mpata woganiza.

Achimwene, chitini choyamba chija ndikanakonda mukanakhalapo. Satana anamupatsa mawu a bwana wa muofesi amene wagwidwa ndi mvula, waulemu wokakamiza, woopseza anthu kuti awadula malipiro pamene palibe akumumvera. Antchito a mkati aja aliyense anali ndi mawu ake, wina wachibwibwi, wina waulesi woyankhula ngati akuyasamula, wina amene ankangoti abwana atuluka, mubwere mawa. Pamene Satana anafika m'chipatala n'kuyamba kuyang'ana odwala mmodzimmodzi, Bambo anamuyankhulitsa ngati munthu wosankha tomato pamsika. Ana anagwa m'mipando. Mayi wina pafupi nane ankapukuta misozi ndi mpango, akumenya mnzake paphewa. Abwana enieniwo, a tiona, ndinawamva akuseka ngati wilibala yopanda mafuta. Amayi Wapampando okha ndi amene mapewa awo sanagwedezeke, koma sanatuluke.

Wilo loyamba litatha ndinatenga chitini cholembedwa 2, ndi pepala langa lokongola, ndinakoleka filimu mofulumira monga ndinaphunzirira, n'kuyatsa. Pakhoma panayenera kuoneka khomo la chipatala. Panaoneka chipata cha Gehena, wakuba atagwada kale ndi waya m'manja.

Ndinali nditasinthanitsa mapepala aja: chachitatu ndinachilemba 2, chachiwiri ndinachilemba 3. Dzanja linapita pa swichi yozimitsira, ndiye ndinakumbukira chenjezo la mnzanga lija, kuti ndikaimitsa filimu ipsa. Panalibe chochita koma kuisiya iyende. Bambo anatembenuka, anandiyang'ana kudutsa m'kuwala kwa makina, ndipo sindidzaiwala nkhope imeneyo, chifukwa sinali yokwiya. Anabwezera maso kukhoma n'kunena kuti ulendo wa ku Gehena si wautali ngati mmene anthu amaganizira, mwangophethira kamodzi afika kale. Anthu anaseka, osadziwa kanthu.

Anasoka bwino ndithu. Wakuba atayamba kubweza katundu amene palibe anamuona akuba, Bambo anati munthu wa ntchito imeneyi sasowa katundu wa eni pansi pa bedi. Koma ngakhale asoke bwanji, nkhani inathamanga. Munthu amene tangomuona akugwirana chanza ndi Satana, pompano walapa, pompano akukwatira, Satana ali pamvula, mawu akuti filimu yatha ali pakhoma. Anthu anaomba m'manja mwaulesi. Wina anafunsa kuti basi yathera pomwepa? Ena anayamba kukoka mipando. Amayi Wapampando anatseka chikwama chawo, n'kuuza Abwana, mokweza moti ine kumbuyo ndinamva, kuti wakuba kusintha msanga chonchi ndi za m'kanema basi.

Ndinadziwa kuti sakunena za filimu. Bambo nawonso anadziwa. Ndinali ndikupita kukayatsa magetsi pamene mawu awo anamveka m'holo monse.

"Usayatse, mwanangu. Khalani pansi, abale. Amayi anena zoona, sizitha choncho. Opanga kanema amakonda kuimira paukwati chifukwa amafuna mupite kwanu mukusekerera. Ife tili ndi chitini china. Chiike."

Ndinachiika. Pakhoma panaoneka wakuba akutuluka pakhomo lalikulu, Satana ali pambali pake atanyamula ambulera. M'filimu yeniyeni apa ndi pamene akutuluka m'chipatala kukayamba kuba. Bambo anati ukwati watha, alendo apita, mkuluyu wadzuka m'mawa kukafuna ntchito, ndipo taonani amene wamupeza akumudikira pakhomo. Anafotokoza kuti anyamata a ku Gehena anachotsa loko wothyokera waya uja n'kuika wina watsopano, wamkulu kuposa woyamba, chifukwa anazolowera kupuma, ndiye bwana akadali panja ndipo akufunabe womutsegulira.

Kuchokera apo chilichonse chinakhala ngati anachijambulira Bambo. Wakuba akulowa m'sitolo ya zitsulo, mwini sitolo akumuthamangitsa ndi tsache: Bambo anati wangofunsa ngati pali malo a wosesa. Akulowa kwa wokonza mawotchi, amutsekera chitseko pamphuno: anati kumeneko anamuuza kuti asiye nambala ya foni. Anthu ankaseka, chifukwa mmene ankayankhulitsira eni masitolo aja munkachita kuwazindikira, ndipo ena mwa iwo anali m'holo momwemo. Ndiye panabwera pamene Satana wakhala pabenchi panja akusenda lalanje, akudikira. Bambo anatsitsa mawu. Anati ameneyu sakakamiza munthu, sakalipa, amangokhala pabenchi, ndipo mumzinda wonse ndi yekhayo amene amakufunsa kuti wadzuka bwanji.

Apo kuseka kunazima. Ndinamva mpando umodzi wokha ukulira.

Sanatisiye m'chisoni nthawi yaitali, mukuwadziwa. Posakhalitsa Satana anagwirizira makwerero pakhoma la eni, galu n'kumugwira thalauza, ndipo Bambo anayankhulira galuyo ndi mawu a mlaliki, holo yonse n'kuphulikanso. Ndikulumbira kuti pamenepo ndinaona Amayi Wapampando akuvula magalasi n'kuyang'ana pansi, dzanja lili pakamwa. Koma aliyense tsopano ankaona kumene nkhani ikulowera. Wakuba watenga waya, watenga tochi, akutsika masitepe aatali, Satana akumuunikira njira mwaulemu. Afika pachipata kachiwiri. Akugwada. Waya uli pafupi ndi bowo la kiyi, Satana wawerama pamwamba pake.

Filimu inathera pomwepo. Khoma linangoti mbee, kamchira ka filimu kakumenya makina, thapu thapu thapu. Palibe anasuntha. Mwana wina kutsogolo anafunsa kuti nanga anatsegula?

Bambo anayankha ndi mawu awo enieni, a kunyumba. "Akadali pomwepo, mwanawe. M'mawa uliwonse amapezeka pomwepo. Lero sanatsegule."

Ndinayatsa magetsi. Anthu anaima, Achimwene. Oyendetsa mabasi anaimba mluzu, amayi a kumsika ankaomba m'manja pamwamba pa mitu yawo, ndipo mkulu uja wa sitolo ya zitsulo amene anawabweza pakhomo pake ndinamuona akuomba akuyang'ana nsapato zake. Bambo anangoima ndi jekete lanu, maikolofoni atatsitsa, ngati munthu amene wasochera.

Amayi Wapampando sanaombe m'manja. Anadikira phokoso lichepe, anavala magalasi, n'kupita pamene Bambo anaima. Ine ndinasiya makina ndikuthamanga kuti ndikayambe kupepesa, koma anandiimitsa ndi chala chimodzi osandiyang'ana n'komwe.

"Mwati lero sanatsegule," anatero kwa Bambo. "Nanga mawa?"

"Mawa ndi Lamlungu, amayi, ndimakhala ndi mwana wangayu. Limene ndimaliopa ndi Lolemba, iye akapita kuntchito."

Mayiwo anawayang'ana Bambo, kuyang'ana kwawo kuja kowerengera mapilitsi. Kenako anatembenukira kwa Abwana n'kuwauza kuti Lolemba m'mawa bambo awa apezeke pano, holoyi mipando yake ndi yothyoka, makatani kulibe, ndipo makinawa akufuna munthu wamkulu osati ana othamanga. Kalata ya ntchito ailembe, iwo adzasaina. Abwana anatsegula pakamwa, ndikukhulupirira pofuna kunena kuti tiona, koma anangoti chabwino amayi.

Amayi Wapampando anawonjezera kuti makiyi a laibulale Bambo sawapatsa, asayembekezere. Bambo anawerama pang'ono n'kunena kuti asavutike, moyo wawo wonse makiyi sanawasowepo. Ndinatseka maso, ndinati basi zonse zagwa. Koma mayi aja anaseka. Anaseka kamodzi kokha, mokweza, ngati chinthu chimene chawapulumuka, n'kutuluka mofulumira asanasekenso.

Ine sindinapulumuke ayi. Lolemba anandiitanitsa kusitolo kwawo n'kundiuza, pamaso pa antchito awo, kuti ndikadzawabisiranso chinthu ndidzabwerera kukadinda madeti mpaka ndidzapume pa ntchito. Ndinapepesa. Anafunsanso ngati zoti nkhani ipitirire pambuyo pa ukwati tinachita kukonza. Ndinawauza zoona, kuti ndinasokoneza zitini. Anati ndiye ndisazikonzenso, filimu imeneyo izionetsedwa choncho. Tsopano palaibulale pathu pali filimu imene dziko lonse limaionera mwanjira ina, ife tokha timaionera mwanjira yathu, ndipo anthu apempha kale kuti tiibwereze.

Bambo amadzuka ine ndisanadzuke. Timayenda limodzi, iwo kutsogolo chifukwa akuti ndimachedwa, ine amene moyo wanga wonse anthu amandiuza kuti ndichepetse liwiro. Akonza mipando yonse, asoka makatani kuchokera ku nsalu zakale za pasiteji, ndipo masana amadzitsekera m'chipinda cha katundu kuonera zitini zotsala, kuyeserera mawu. Ukadutsa pakhomo umamva anthu asanu akukangana, ukatsegula n'kupeza munthu mmodzi ali pakatoni. Tapezamo ina ya mngelo amene anatumidwa kukatenga munthu wolakwika, ndi ina ya wachinyengo amene anagulitsa mzimu wake kwa ogula awiri. Zitini zake sandilola kuzikhudza.

Musaganize kuti ndakhutira. Ndalemba kale pulani yoti tizipita ndi makinawa m'masukulu ndi m'zipatala, ndipo ndikufuna holo yachiwiri kutsidya kwa njanji chaka chisanathe. Ndinatchulanso zokaonetsa kundende, koma Bambo anati kumeneko anafotokozako mafilimu okwanira, opanda ngakhale khoma loonetserapo, ndiwapatse kaye nthawi. Abwana masiku ano akuuza aliyense kuti maganizo a kanemawa anali nawo kalekale. Ndikuwasiya, bola asaine zimene ndikuwapatsa.

Chopempha changa ndi ichi. Getsi la makinawa ndi limodzi, ndipo kuno mnzanga wafufuza paliponse silikupezeka. Akuti kwanuko m'masitolo a zinthu zakale amagulitsa. Ndajambula nambala yake kuseri kwa pepalali. Likafa limeneli tisanapeze lina, kanema waima, ndipo mukudziwa tsopano chimene chaima naye. Mukapeza awiri, tumizani awiri.

Sindikukupemphani kuti muiwale. Pamene Amayi ankadwala Bambo ali mkati, inu ndi amene munasiya sukulu, inu ndi amene munagona pansi m'chipatala, ine ndinali mwana wongofunsa kuti tidya chiyani. Digiri imene ndimanyadirayi ndi thukuta lanu. Zimene mumasunga mumtima muli nazo chifukwa, ndipo sindidzakuuzani kuti muzitaye. Ndangofuna mudziwe zimene maso anga aona.

Mundiperekere moni kwa alamu, muwauze kuti nsapato zija zinandikwana ndipo ndinavala tsiku la kanema. Mwana mumupsompsone, mumuuze kuti azakhali ake akufuna chithunzi chatsopano, chimene ndili nacho akadali wopanda mano. Anzanu a pamsewu wathu amakufunsani, makamaka wometa uja, akuti mutu wanu wokha ndi umene unkamupatsa ulemu.

Bambo andipeza ndikulemba patebulo, afunsa kuti ndikulembera ndani. Nditawauza anapita kukhitchini, ndinamva akutsegula mpopi n'kutsekanso osatunga kanthu. Atabwerera anati ndipereke moni kwa apongozi awo, akazi anuwo, amene sanawaonepo. Anafunsa ngati mwana wayamba kuyankhula, ndipo anati akadzabwera kuno adzakhale kutsogolo chakumanzere, ndi kumene mawu amamveka bwino. Ndinadikira cholembera chili m'mwamba. Anaima pakhomo la chipinda chawo, atandifulatira, n'kunena kuti: "Ndi bambo ake a mwanayo uwapatse moni wanga, ngati angaulandire."

Ndaupereka, Achimwene. Yankho lake ndikulidikira, ndipo mukudziwa kuti kudikira sindimatha.

Ndine mlongo wanu wokukondani,
Chitsirizira wa Amayi